Diso la Mlendo pa Dothi la ku Wimbe: Moyo ndi Ntchito ya Dick Pope

Kanema akatha, mayina n'kuyamba kukwera pa chinsalu, ambiri a ife timakhala titaimirira kale, maso ali ku khomo. Pofika kunyumba timasimba za mnyamata amene watiliritsa kapena za mfumu imene yamenyedwa, ndipo odziwako zinthu amatchula dzina la amene adatsogolera ntchito yonse. Komatu pakati pa mayina timawafulatira aja pamakhala dzina la munthu amene watibwereka maso ake kwa maola awiri athunthu. Ameneyu ndiye wojambula kanema. Palibe nkhope, mtengo kapena mtambo umene taona umene sudayambe wadutsa m'diso lake.

Nkhani ino ndi ya mmodzi wa amisiri otere, malemu Dick Pope a ku England, amene adamwalira mu Okutobala 2024 ali ndi zaka 77. Tikuwakumbukira pa tsamba lino chifukwa ndiwo adajambula The Boy Who Harnessed the Wind, kanema wa mbiri ya William Kamkwamba wa ku Wimbe m'boma la Kasungu. Anthu miyandamiyanda amene sadapondepo m'Malawi adaliona dziko lathu koyamba kudzera m'maso a bambo amenewa. Tsono n'koyenera kuti tifunse: kodi maso amenewo adaphunzira kuti kupenya, nanga ifeyo adationa motani?

Ntchito ya wojambula kanema

Tiyambe tamvana za ntchitoyo. Kanema ndi zithunzi zoima, zokwana 24 pa sekondi iliyonse, zimene zimathamangitsidwa motsatana mpaka diso lathu linyengeke kuti zikuyenda. Wotsogolera kanema ndiye mwini nkhani: amasankha ochita sewero ndi kuwauza zochita. Wojambula ndiye mwini kuwala. Iye amaganizira pamene kamera iime, pafupi kapena patali, m'mwamba kapena pansi. Amasankha galasi loika ku kamerayo. Amalamula nyali kuti ziwalire mbali iti ya nkhope ndi kusiya mbali iti mu mdima. Kunja, kumene kulibe nyali yoposa dzuwa, amawerenga nthawi monga achitira mlimi, nanena kuti chakuti tijambule m'mamawa, chakuti tidikire dzuwa lipendeke.

Zimenezi sizokongoletsa chabe ayi. Munthu yemweyo mukamjambula kamera ili m'mwamba amaoneka wochepa ndi wopempha. Mukamjambula kamera ili pa msinkhu wa maso ake amaoneka mnzanu. Motero wogwira kamera ali ndi mphamvu yolemekeza kapena kunyazitsa, ngakhale satulutsa liwu ndi limodzi lomwe.

Kuyambira m'chipinda cha mdima

A Pope adabadwa m'chaka cha 1947 ku Bromley, kufupi ndi mzinda wa London. Ali mnyamata adakonda kujambula zithunzi wamba, ndipo ntchito yawo yoyamba m'zamakanema adaipeza ku nyumba yotsukira mafilimu ya Pathé. Masiku amenewo kanema ankajambulidwa pa lamba wautali wopakidwa mankhwala a siliva, ndipo chithunzi sichinkaoneka kufikira lambayo ataviikidwa m'mankhwala ena m'chipinda cha mdima. Choncho mnyamatayo asadaloledwe kugwira kamera adayamba wadziwa chimene kuwala kumachita pa filimu, monga mwana wa mmisiri wosula amayamba ndi kupukusa mvukuto asadagwire nyundo.

Atachoka kumeneko adakwera pang'onopang'ono, kuyambira pa kuthandiza ojambula ena, mpaka adakhala wojambula makanema a zochitika zenizeni a pa wailesi yakanema. Adagwirako ntchito m'mapologalamu awiri otchuka a kampani ya Granada: World in Action, yofufuza nkhani zovuta za m'maiko, ndi Disappearing World, yoonetsa moyo wa mitundu ya anthu okhala kutali ndi mizinda. Dzina la pologalamu yachiwiriyi litanthauza dziko limene likuzimirira, ndipo likutiuza m'mene azungu a nthawi imeneyo ankaonera anthu onga ife. Komabe kwa wojambula wachinyamata idali sukulu yabwino. Pa mwambo wa eni ake sungauze anthu kuti bwerezani, sindidajambule bwino. Umakhala chete, kamera ili paphewa, kudikira. Akuluakulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo kudekha kumeneku ndiko chuma chimene a Pope adatuluka nacho.

Zaka 34 ndi Mike Leigh

M'chaka cha 1990 adajambula Life Is Sweet, kanema wa Mike Leigh, ndipo apa padayambira ubwenzi wa pantchito umene udatha ndi imfa yokha. Awiriwa adapangira limodzi makanema aatali 12, womaliza ndiye Hard Truths wa 2024.

A Leigh ali ndi kapangidwe kawokawo. Sayamba ndi sewero lolembedwa kale. Amasonkhanitsa ochita sewero kwa miyezi ingapo, aliyense naumba munthu wake, mbiri yake ndi mayankhulidwe ake, ndipo nkhani imamera pamene anthu oumbidwawo ayamba kukumana. Wojambula wogwira ntchito ndi munthu wotere sangakonzeretu zonse pa pepala. Ayenera kukhala tcheru ngati mlenje, ndipo apa m'pamene maphunziro a kumidzi yakutali aja adagwira ntchito.

Zitsanzo zitatu zitikwanira. Mu Naked, wa 1993, nkhani ya munthu woyendayenda usiku m'misewu ya London, a Pope adakumbukira za m'chipinda cha mdima chija. Potsuka filimu, siliva amayenera kuchotsedwa kuti patsale mitundu yokha. Iwo adakonza zoti silivayo atsalemo. Zotsatira zake mitundu idafwifwa, mdima udakhala bii, ndipo mzindawo udaoneka wozizira monga mtima wa mwini nkhani.

Mu Secrets & Lies, wa 1996, mtsikana wachikuda amene adaleredwa ndi makolo ena afunafuna mayi wake womubala, napeza kuti ndi mzungu wosauka wogwira ntchito m'fakitale. Pokumana awiriwa m'kanyumba komwera tiyi, kamera idaikidwa patsogolo pawo ndipo siidasunthe kapena kuphethira kwa mphindi zopitirira 7. Wojambula wofuna kudzionetsa akadaizunguza kamerayo uku ndi uku. A Pope adaikhazika pansi, nasiya nkhope ziwirizo, yakuda ndi yoyera, kuti zigwire ntchito, iliyonse ikuoneka bwinobwino. Kanemayu adalandira mphotho yaikulu ya ku Cannes, m'dziko la France.

Mu Mr. Turner, wa 2014, mbiri ya J. M. W. Turner, katswiri wojambula ndi utoto amene adakhala ndi moyo kuyambira 1775 mpaka 1851, a Pope adaphunzira mitundu ya utoto imene mmisiriyo ankakonda, naiika m'kuwala kwa kanema yense. Ntchito imeneyi idawapezetsa mphotho ya luso ku Cannes, ndipo dzina lawo lidalowa kachiwiri pa mndandanda wa opikisana pa mphotho ya Oscar. Koyamba kudali chifukwa cha The Illusionist, wa 2006. Oscar sadaipate, koma ku Camerimage m'dziko la Poland, kumene ojambula amayesedwa ndi anzawo a ntchito yomweyo, adalandira mphotho yoyamba, yotchedwa Chule wa Golide, chifukwa cha Secrets & Lies, nailandiranso chifukwa cha Vera Drake wa 2004.

Kamera ndi khungu lakuda

Tisadafike ku Wimbe, pali nkhani ina imene tiyenera kuidziwa. Ambiri tili nazo m'nyumba zithunzi zakale za ukwati kapena za ubatizo, m'mene diresi loyera likuoneka ulusi uliwonse koma nkhope ya mkwatibwi yangotsala maso ndi mano. Tidazolowera kunena kuti wojambula adali wosadziwa, kapena kuti mwini nkhope adada kwambiri. Gwero lake lenileni lidali ku fakitale. Kuyambira m'zaka za m'ma 1950 kampani ya Kodak inkatumiza kwa otsuka zithunzi khadi loyesera mitundu, lodziwika ndi dzina loti Shirley, ndipo pa khadipo padali mkazi wachizungu. Makina ankatcheredwa kuti khungu lake lituluke bwino. Khungu lathu lidali la mwayi.

Makamera a masiku ano adawongokera, koma vuto silidatheretu, pakuti limakhalanso m'mutu mwa wojambula. Khungu lakuda silifuna kuthiridwa nyali yamphamvu ngati mbala yogwidwa usiku. Limanyezimira, limalandira mtundu wa chilichonse chili pafupi, kaya ndi dothi lofiira, moto wa pa mafuwa kapena thambo. Wolijambula bwino ndi amene waphunzira kuliyang'ana.

Tionjezepo za dzuwa lathu. Ku maiko a kumpoto, monga Denmark, dzuwa la m'chilimwe limayenda chopendekera ndipo chisisira chimakhalitsa. Kuno chakumapeto kwa Okutobala dzuwa limadutsa paliwombo penipeni, maso a munthu n'kulowa mu mthunzi wa zikope, ndipo likangolowa, theka la ola silitha kusadade. Wojambula wobwera kuno amapeza kuti nthawi ya kuwala kofatsa ndi yaifupi ngati moto wa mapesi.

Ku Wimbe

Mbiri ya William Kamkwamba ambiri tikuidziwa. Adabadwa mu 1987, ndipo njala ya 2001 ndi 2002 itavuta adalekeza sukulu ya sekondale ya Kachokolo kaamba kosowa fizi. M'kanyumba ka mabuku ka ku Wimbe adapezamo buku lotchedwa Using Energy, ndipo ali ndi zaka 14 adamanga makina a mphepo ndi milongoti ya bulugamu, njinga yakutha ndi zitsulo zotola kudzala. Buku la mbiri yake, limene adalemba ndi Bryan Mealer, lidatuluka mu 2009. Chiwetel Ejiofor, katswiri wa sewero wa ku Britain amene makolo ake ndi a ku Nigeria, adalisandutsa kanema, natenganso malo a bambo ake a William, a Trywell. Aka kadali koyamba kuti a Ejiofor atsogolere kanema wamtali, ndipo adatsamira pa wojambula wa zaka 70.

Ntchito idayamba chakumapeto kwa 2017, ndipo adajambulira ku Wimbe komweko, osati ku South Africa kapena ku Kenya kumene zipangizo zidali pafupi. Kanemayo adaonetsedwa koyamba ku Sundance, m'dziko la America, mu Januwale 2019, ndipo pa 1 Malichi chaka chomwecho adalowa pa Netflix.

Amalawi atamuona sadasowe chonena. Chichewa cha alendo, monga a Ejiofor, Aïssa Maïga amene adakhala mayi, ndi Maxwell Simba wa ku Kenya amene adakhala William, chidaseketsa ambiri ndi kukwiyitsa ena, makamaka pochiyerekeza ndi cha mwana wathu Lily Banda. Ena adakumbutsa kuti makina oyamba a William ankayatsa mababu ndi wailesi, ndipo zopopa madzi zidadza pambuyo, pamene m'kanema madzi ndiwo atsiriza nkhani. Madandaulo amenewa ngoona. Koma tazimitsani mawu, muyang'ane zithunzi zokha. Lilime lidali lachilendo, koma dothi ndi lathu, fumbi ndi lathu, ndipo mtundu wa thambo mvula ikamakana ndi womwe uja alimi amauyang'ana ndi mtima wolefuka.

Taonani m'mene nyengo zikusinthira. Poyamba minda ili yobiriwira. Kenaka mvula yosalekeza isandutsa mizere kukhala matope. Pomaliza mitundu yonse ifwifwa, patsala kufiira kwa nthaka youma ndi kuyera kwa dzuwa. Woonera wa ku Japan kapena ku Brazil, wosadziwa kuti Febuluwale ndi mwezi wotani m'mudzi wopanda chimanga, amamva njala ikubwera ndi maso okha. Taonaninso za m'nyumba. Kuwala kumalowera pakhomo ndi pa zenera monga kuchitira m'nyumba zathu, mdima wa m'ngodya n'kusiyidwa kuti ukhale mdima, koma nkhope zikuoneka, iliyonse ndi maganizo ake. Gule Wamkulu akatulukira pa maliro, kamera siimuthamangira ngati mlendo wodzaona zodabwitsa. Imaima pamene aima anamalira.

Pali msampha umene wojambula aliyense wa luso amakumana nawo pa nkhani ya umphawi, ndiwo kukongoletsa masautso mpaka woonera aiwale kuti akuona anthu akufa. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Msampha winanso ndi uja wa zithunzi zopemphera thandizo, za mwana wa ntchentche m'maso wojambulidwa kuchokera m'mwamba. Kunena zoona, a Pope adayenda pakati pa maenje awiriwa osagweramo kwenikweni. Pamene banja la a Trywell likugawana kansima kamodzi pa tsiku, kamera imakhala nawo pansi ngati mmodzi wa pabanjapo. Ndi kamera yomwe ija idakhala phee m'kanyumba ka tiyi ku London. Ulemu umene adapereka kwa amphawi a kwawo ndi womwewo adapereka kwa amphawi a kwathu, ndipo pa ichi tiyenera kuwathokoza.

Mlendo ndi mame

Mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa, koma akuluakulu omwewo adatinso mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Ntchito itatha, makamera adapakiridwa m'mabokosi nabwerera kwawo. Ndalama zopangira kanemayo zidachokera ku Britain ndi ku America, ndipo pa mpikisano wa Oscar wa makanema a zinenero zina, kanema wa Chichewa ameneyu adapita m'dzina la Britain. Izi sizachilendo. Kuyambira 1948 bungwe la atsamunda la Central African Film Unit, limene likulu lake lidali ku Salisbury, Harare wa lero, linkapanga makanema ophunzitsa anthu akuda a ku Nyasaland ndi ku Rhodesia, ndipo ankaonetsedwa m'midzi ndi magalimoto oyendayenda. Titalandira ufulu mu 1964 tidakhala zaka 35 opanda wailesi yakanema yathuyathu, kufikira 1999. Nthawi yaitali chotere takhala tikujambulidwa koposa kujambula.

Pano m'pamene dziko la Denmark lingatiphunzitse kanthu. Anthu ake ndi pafupifupi 6 miliyoni, osafika ndi theka lomwe la Amalawi, ndipo chinenero chawo sichimveka kutali. Komabe dzikolo latulutsa ojambula odziwika pa dziko lonse. Henning Bendtsen, amene adabadwa mu 1925 namwalira mu 2011, adajambula Ordet, kanema wa Carl Dreyer wa 1955, nkhani ya banja la alimi a kumudzi, ndipo mpaka lero ophunzira amaonera m'mene adawalitsira zipinda za nyumba ya pa famu imeneyo. Dan Laustsen adapikisana nawo pa Oscar chifukwa cha The Shape of Water, wa 2017. Mayi Charlotte Bruus Christensen adajambula Fences, wa 2016, m'mene Denzel Washington ndi Viola Davis akuoneka ndi khungu lawo lenileni. Zoterezi sizidagwe kumwamba: dzikolo lidatsegula sukulu ya boma ya zamakanema mu 1966, ndipo boma limathandiza makanema a m'chinenero chawo.

Wina anganene kuti amenewo ngolemera. N'zoona, koma tamvani izi. Mu 1995 Lars von Trier ndi Thomas Vinterberg adalengeza malamulo otchedwa Dogme 95, odzimana dala zipangizo zodula: kamera igwidwe pamanja, nyali zapadera zisakhalepo, ajambulire pamalo penipeni. Kanema woyamba wotsata malamulowa, Festen wa 1998, adajambulidwa ndi kakamera ka vidiyo kokwana m'dzanja, ndipo adalandira mphotho ku Cannes. Wojambula wake, Anthony Dod Mantle, Mngelezi wophunzira ku sukulu ya ku Denmark ija, adadzapata Oscar mu 2009 chifukwa cha Slumdog Millionaire. Kakamera kaja kankachepa mphamvu poyerekeza ndi foni zambiri zimene zili m'matumba a achinyamata athu lero. Chimene adali nacho iwo ndi diso lophunzitsidwa.

Nanga ife?

Sitikuyambira pa chabe. Shemu Joyah adatipatsa The Last Fishing Boat mu 2012 ndi The Road to Sunrise mu 2017, ndipo wachiwiriyu ndiye kanema woyamba amene Malawi adatumiza ku mpikisano wa Oscar. Joyce Mhango Chavula adalandira mphotho ya Africa Magic mu 2016 chifukwa cha kanema wake Lilongwe. Achinyamata ojambula nyimbo, maukwati ndi masewero achuluka m'matauni monse. Koma tikaonetsetsa ntchito zambiri, timapeza kuti mtima wonse udapita ku nkhani ndi ku zovala, kuwala n'kusiyidwa kuti kudzionere kokha. Nkhope zimapsa ndi dzuwa la masana, kapena zimamira mu mdima monga m'zithunzi za agogo zija. Timatamanda wosewera ndi woimba, koma wogwira kamera timamuyesa wonyamula katundu.

Kuno ku Zomba tilibe chowiringula. Mwana wa ku Chikamveka akatukula maso amaona phiri lotalika mamita oposa 2,000, limene limasintha nkhope kangapo pa tsiku: m'mamawa dzuwa likamatuluka cha ku nyanja ya Chilwa, masana mitambo ikamakwawa pa mapaini, ndi masiku a chiperoni pamene nkhungu imatsika mpaka m'tauni. Madzi a Mulunguzi, njerwa zofiira za nyumba zakale za boma za nthawi imene Zomba adali likulu, 1975 isadafike, mithunzi ya m'misewu ya mumsika, zonsezi ndi kalasi yosalipira. Ku Chirunga kuli University of Malawi, kumene zisudzo zakhala zikuphunzitsidwa kwa zaka zambiri. M'sukulu za sekondale timaphunzitsa za kuwala, za magalasi ndi za diso m'phunziro la sayansi, ana naloweza kuti akakhoze mayeso, osauzidwa kuti pali anthu amene amadya ndi kutchuka ndi nzeru zomwezo.

Moyo wa a Pope ukutionetsa njira yake. Adayamba ndi ntchito yonyozeka ya m'chipinda cha mdima, nadziwa chida chawo mpaka m'kati. Adaphunzira kudikira pakati pa anthu osawadziwa. Adakhala wokhulupirika kwa mnzawo mmodzi zaka 34, osafuna kuti luso lawo liphimbe nkhani. Palibe chimodzi mwa zitatuzi chimene chimafuna ndalama zakunja.

Nkhani zathu zikadalipo zambiri zosajambulidwa: za John Chilembwe ndi 1915, za amuna amene adapita ku migodi ya ku Johannesburg osabwerera, za asodzi a ku Chilwa m'zaka zimene nyanja imaphwa, za namondwe Freddy wa 2023. Tikazengereza adzabweranso alendo, ndipo si onse adzakhale ndi ulemu wa a Pope. Mbadwo wa mawa udzationa monga m'mene kamera idationera, ndipo kamera imaona monga aonera woigwira. Chotero, awerengi okondedwa, kanema wina akadzatha musadzafulumire kuimirira. Dzawerengeni dzina la wojambula, ndipo ngati mwana wanu akonda kusuzumira m'kamera ya foni, musamulande msanga. Mufunseni kuti kuwala kukuchokera kuti.